Phazi la Nkhuku pa Khoma la Sukulu

Khoma la kumadzulo la sukulu yathu lili ndi matumbo masiku ano. Anajambulapo munthu wong'ambidwa pamimba: mapapo, chiwindi, matumbo opindikapindika ngati a mbuzi ya pamaliro. Akuti ana aziphunzirirapo za thupi. Chabwino. Koma kuseri kwa chithunzicho kuli pulasitala, ndipo kuseri kwa pulasitalayo kuli njerwa za akazi anga. Ndikulemba izi kuti pasadzapezeke wonena kuti panalibe kanthu.

Ndiyambe ndi mudzi, chifukwa ana a masiku ano amayesa kuti unamera wokha ngati bowa. Makolo athu sanabadwire pano. Ankakhala kufupi ndi boma, pa dothi lakuda, tauni ija isanatchedwe Chipata. Azungu atafuna malowo kuti alimepo fodya, anthu anauzidwa kuti anyamuke. Ananyamuka. Anadzafika kuno, pa mchenga ndi miyala, n'kuswa mphanje ndi nkhwangwa zosula okha. Pakati pa malowa pali dambo. Ena anamanga tsidya lino, ena tsidya ilo. Tsidya lino tinali Aroma. Tsidya ilo anali Adatchi, mphunzitsi wawo ankachokera ku mishoni ya ku Tamanda. Chimanga chinali chimodzimodzi, nsawa zimodzimodzi, njala imodzimodzi, koma kumwamba aliyense anali ndi njira yake.

Masukulu nawonso anali awiri, onse a mitengo ndi udzu. Yathu ankaphunzitsa ndi katekisiti wa diso limodzi ndi chikoti cha mpira wa njinga. Tinayamba kulemba pansi ndi chala, sileti inabwera pambuyo. Mvula ikagwa tinkaunjikana pakona imodzi ngati anapiye. Tikaweruka n'kukumana ndi ana a Adatchi pa dambo, tinkagendana matope. Iwo ankati timapembedza zidole. Ife tinkati nyimbo zawo n'za achule. Ndinalekeza Sitandade Folo, atate atandiitana kukagwira ng'ombe pa pulawo. Sindichita nayo manyazi Folo imeneyo. Ndi yomwe ikulemba pano.

Dziko litalandira ufulu, a boma anati masukulu a udzu atha, pakhale sukulu imodzi ya njerwa. Malata ndi aphunzitsi adzapereka iwo, njerwa n'zathu. Mkangano wa malo unatha chilimwe chonse. Palibe ankafuna kuti mwana wake aziwoloka dambo kupita kwa anzake. Pomaliza anagwirizana pa mutu wa dambo, pamene panali chulu chachikulu, malo opanda mwini. Chulu chomwecho ndicho chinatipatsa dothi.

Nthawi imeneyo n'kuti nditangokwatira. Mkazi ndinamutenga tsidya ilo, kwa Adatchi, ndipo anthu analankhula mpaka kutopa. Analowa Chiroma ndi miyendo yokha. Pakamwa pake panatsala nyimbo za kwawo mpaka tsiku la imfa. Anali wamfupi, wosaseka chisawawa, wa manja olimba ngati mpini.

Panali vuto. Nyumba iliyonse inayenera kuumba mizere yake ya njerwa, koma Mroma sankakhulupirira Mdatchi, Mdatchi sankakhulupirira Mroma, ndipo odziwa kulemba tinali owerengeka. Ndiye anati nyumba iliyonse isankhe chizindikiro chake, izidinda m'mbali mwa njerwa ikangotuluka m'chikombole, dothi likadali lofewa. Wina anadinda chitsononkho. Wina chala chachikulu. Mayi wina wamasiye ankadinda chikhokho cha nsawa. Bambo wina wobwera kumene ku migodi ankadinda sipanala ya njinga, kuti tonse tidziwe kuti ali ndi njinga. Msuweni wanga wina, chidakwa chotheratu, ankadinda mlomo wa botolo la kachasu. Njerwa zake zinali zochepa, zokhota, zofumbutuka ukazigwira. Ankafika dzuwa litakwera, n'kuchoka lisanapendeke.

Ine ndinkafuna chilembo choyamba cha dzina langa, poti ndinali wophunzira. Akazi anga anandiyang'ana kuchokera kumapazi.

“Chilembo chanucho chatunga mitsuko ingati?”

Anatola kamtengo n'kulemba timizere titatu tokumana pamodzi. Phazi la nkhuku.

“Nkhuku imadya chomwe yapalasa,” anatero. Nkhani inathera pomwepo.

Amuna tinkakumba chulu ndi kuponda matope. Akazi ankatunga madzi ku dambo, kukwera nawo mtunda, kutsika, kukweranso. Akazi anga anali ndi pakati pa mwana wathu woyamba, wamkazi. Ankatula mtsuko, n'kugwada pa mzere wathu ndi kamtengo kawo, mimba ikukhudza mawondo. Sanalole kuti njerwa ndi imodzi yomwe ipite ku uvuni yopanda phazi. Tinawotcha ndi mitengo yodula tokha. Njerwa zathu zinapsa bwino, ukaziwombanitsa zinkalira ngati chitsulo.

Mmisiri amene boma linatumiza ankatembenuzira zizindikiro m'kati mwa khoma kuti kunja kuoneke kosalala. Atafika pa khoma la kumadzulo, a tsidya ilo anamuimitsa. Anati akufuna aziona ndi maso kuti njerwa zawo zalowadi m'sukulu, sizinapite kukamangira katekisiti wa Aroma khitchini. A tsidya lino anati nafenso chimodzimodzi. Mmisiri anatukwana, koma anamvera. Khoma lonse la kumadzulo linayang'ana kunja ndi zizindikiro zake. Musamve wina akunena kuti tinachita zimenezi chifukwa cha chikondi kapena mbiri. Kunali kukayikirana basi. Komabe pa dziko lonse la pansi, ndi pa khoma lokhalo pamene chala cha Mdatchi chinagona pamwamba pa chitsononkho cha Mroma popanda ndewu.

Zaka zinapita. Masukulu a udzu anagwa, pamalo pake pali minda ya thonje. Ana a tsidya lino ndi a tsidya ilo anakhala pa benchi imodzi, ena anakwatirana. Mabanja ena anathera ku migodi ndi ku Lusaka, ena anatha ndi matenda aja anatilanda achinyamata. Pali mabanja amene lero alibe munthu ndi mmodzi yemwe m'mudzi muno, koma chizindikiro chawo chili pa khomalo. Kenako kunabwera mabungwe, anamanga makalasi ena ndi njerwa za simenti, n'kukhomapo zikwangwani za mayina awo zazikulu ngati chitseko. Ana amawerenga zikwangwanizo n'kumayesa kuti sukulu inayamba tsiku limene galimoto yoyera inafika.

Akazi anga anamwalira nthawi yotola thonje. Mtanda wa mtengo umene tinazika pa manda awo chiswe chinadya kalekale. Ndipo kumanda sitipita chisawawa ngati ku msika, timapita pa maliro pokha. Choncho malo amene ndinkawaonera anali khoma lija. Njira ya ku dimba langa imadutsa kuseri kwa sukulu. Pafupi ndi zenera, molingana ndi chifuwa changa, panali njerwa imodzi imene kamtengo kanalowa kwambiri, phazi lake lakuya. Ndinkaima, n'kuikamo chala, n'kupitiriza ulendo. Sindinkalira. Sindinkapemphera. Ndinkangoona kuti ilipo.

Ndiye kunabwera chaka chija atsikana anayamba kugwa.

Unali mwezi wotentha, mvula isanagwe, nkhokwe zambiri zili pululu. Kalasi ya kuseri kwa khoma la kumadzulo ndi imene ankaphunziramo ana akuluakulu masana. Mulibe siling'i, malata ali pamutu penipeni, ana odzaza mpaka pakhomo, dzuwa likuwomba khomalo kuyambira masana mpaka kulowa. Ambiri ankachoka kunyumba atangomwa madzi. Mtsikana mmodzi anakomoka. Mnzake anakuwa, nayenso n'kugwa. Mawa lake anagwa ena. Mmodzi mwa iwo anali mdzukulu wanga, mwana wotsiriza wa mwana wanga wamkazi uja anali m'mimba nthawi youmba njerwa.

Munthu aliyense amene anagwirapo khasu wopanda kanthu m'mimba akudziwa chimene chimagwetsa munthu pa dzuwa. Koma kunena kuti njala ndiye kuti wanena mwini nkhokwe. Azimayi a m'mudzi anasonkherana n'kuitana mneneri.

Ndinamuzindikira atangotsika pa njinga yamoto. Anali mnyamata wa ku Nabvutika, ku tauni, amene kale ankanyamula anthu pa njinga yopalasa. Ananditengapo ine kuchokera ku msika wa Kapata, thukuta lili chuchuchu, akudandaula za mtunda. Tsopano anali mu suti yonyezimira, nsapato zosongoka ngati mlomo wa ng'ona, sipika m'manja ndi kabotolo ka mafuta. Amati mlendo ndi amene amabwera ndi kalumo kakuthwa. Uyu anabwera ndi chikwanje.

Anazungulira sukulu akubwebweta, khamu lili pambuyo. Atafika kumadzulo anaima, n'kubwerera m'mbuyo ngati waponda moto.

“Anthu a Mulungu, mwakhala bwanji osaona? Ili si khoma, ili ndi guwa!”

Anayamba kuloza. Mlomo wa botolo anati ndi diso la Satana. Chitsononkho anati ndi mamba a njoka. Sipanala sindikumbuka anaitcha chiyani. Koma chimene anakakamirapo ndi phazi la nkhuku, poti linali paliponse, akazi anga sankaumba zamasewera. Anati mwini chizindikiro ichi ndiye anali mfiti yaikulu. Anapha nkhuku yakuda, n'kumanga mitu ya ana onse amene adzaphunzire m'menemo. N'chifukwa chake atsikana akugwa. N'chifukwa chakenso ana a pano amalephera mayeso.

Apa ndiye anawagwira pamtima. Bambo amene mwana wake amakhala ku munda wa thonje theka la chaka anapumira m'mwamba: kani si ine. Mayi amene sanaonepo mkati mwa kope la mwana wake anakweza manja kumwamba. Mneneri analamula kuti njerwa zonse za phazi la nkhuku zigobedwe ndi tchizulo, ziphwanyidwe, fumbi lake likatayidwe ku mtsinje. Anaika msonkhano wa makolo Loweruka.

Ndinapita kwa aphunzitsi aakulu. Ndi Mbemba, ndipo ife a kum'mawa ndi Abemba timanyozana mwa chimbuya, palibe amakwiya.

“Afika akudya mbewa,” anatero akundikokera mpando. “Lero mwanibweretsera zingati, madala?”

“Mbewa sizipatsidwa kwa wodya anyani, angaziwononge. Mwana wa nyani iwe, ana akugwa chifukwa chiyani?”

Anatseka chitseko.

“Madala, ni njala na kupya. Niziwa.”

“Ndiye ukanene Loweruka.”

“Ine ndine mlendo pano. Nikakamba, mawa azakamba ati Mbemba ndiye anabweretsa. Nyumba yanga ili pafupi, na bana balimo.”

“Satifiketi yonse ija ili pa khomapo, ukuopa mnyamata wa njinga?”

“Satifiketi siizima moto, madala.”

Anaseka, ine sindinaseke. Nyani akaona agalu amakwera mumtengo, ndinamuuza choncho. Anavomera.

Madzulo a Lachisanu kunabwera mwana wanga wamkazi ndi kambale ka ndiwo. Ali m'komiti ya makolo, ndi mmodzi mwa amene anasonkha za mneneri. Anakhala pansi pa khonde, osandiyang'ana.

“Atate, mawa musapite.”

“Chifukwa?”

“Mukudziwa.”

“Ndikufuna ndimve pakamwa pako. Phazi lija n'la yani?”

“N'la amayi.” Analankhula motsitsa ngati pali wina kuseri kwa nkhokwe. “Ankalilembanso pa miphika yawo. Ndinalizindikira tsiku lomwe lija.”

“Ndiye unakhala chete munthu akutcha amako mfiti.”

“Sanatchule dzina. Palibe akudziwa, atate. Amene ankadziwa anafa, atsala ndinu. Asiyeni agobe. Ndi dothi chabe.”

“Dothi limenelo linakusenza iwe uli m'mimba.”

“Mukanena kuti n'la amayi, mawa ufiti uli pa ine. Mukudziwa mmene amanenera, kuti umatsata bere. Ukachoka pa ine upita pa mwana wanga. Adzamwa madzi pa mjigo ndi ndani? Adzamukwatira ndani?”

Sanali kunama. Ndinaziona ndi maso anga zimene mudzi umachita ndi nkhalamba yolozedwa chala. Koma ndinaonanso mkazi wa pakati akukwera mtunda ndi mtsuko. Kuti njerwa zake ziphwanyidwe ngati za mfiti ine ndili moyo, ndili ndi pakamwa, nditakhala pa khonde ndikudya ndiwo? Ndinamuuza kuti atenge mbale yake.

Loweruka anthu anadzaza pansi pa mitengo ya pa sukulu. Mneneri anapemphera mpaka mithunzi inasuntha. Anyamata anali atabwera kale ndi nyundo ndi matchizulo. Wapampando wa komiti anafunsa ngati alipo wotsutsa, akuyang'ana kale kwina. Ndinaimirira.

“Agogo, khalani pansi, dzuwa lingakugwetseni nanunso!” anakuwa mnyamata wina. Anthu anaseka.

“Tsabola wakale sawawa,” anatero wina kumbuyo.

Ndinadikira kuti atsirize. Kenako ndinayamba kuloza, monga analozera mneneri.

“Iwe wapampando, mamba a njoka aja ndi chitsononkho cha agogo ako aamuna. Iwe ukuwomba m'manja apo, chala chija n'cha amake a atate ako, chinali chopindika, chinapsa ndi phala ali mwana. Iwe wanyamula nyundo, diso la Satana lija ndi botolo la kachasu la mbale wa agogo ako. Ameneyo Satana sakanamulemba ntchito, ankadzuka mochedwa.”

Ena anaseka, ena anayang'ana pansi. Ndinawauza za chulu, za chikombole, za Aroma ndi Adatchi. Ndinawauza kuti ana awo akugwa chifukwa m'mimba mulibe kanthu ndipo pamutu pali malata. Apa nkhope zinauma. Mneneri anandilola kuti ndimalize, akumwetulira. Si wopusa mnyamata uja. Opusa ndi amene anamuitana.

“Agogo alankhula bwino,” anatero pa sipika. “Akuzidziwa zonse. Ndiye atiuze. Phazi la nkhuku n'la yani?”

Mwana wanga anali pa mphasa ya azimayi, kutsogolo. Anandiyang'ana. Ndinamuyang'ana.

“N'la akazi anga.”

Kenako kung'ung'udza kunayamba, ngati njuchi m'mphako.

“Paja mayi aja sankaseka.”

“Paja nkhuku zawo sizinafe chaka cha chitopa. Zathu zonse zinatha.”

“Ankayimba nyimbo zachilendo ku dimba.”

Nyimbo za Adatchi zimenezo! Agogo ake a wonenayo ankayimba zomwezo. Nkhuku sizinafe chifukwa anazitsekera m'khola mwezi wathunthu, akukana ngakhale nkhuku ya mphatso. Amene ankanena zimenezi ndi anthu oti akazi anga anawalandira pobadwa, ena anawadyetsa chaka cha njala. Azimayi amene anakhala pafupi ndi mwana wanga anayamba kusuntha pang'onopang'ono, mpaka pa mphasa panaoneka mpata mbali zonse ziwiri.

Mwana wanga anaimirira yekha pakati pa mpatawo. Anamanga chitenje. Mawu ake sananjenjemere, m'menemo anatengera amake.

“Inde, n'la amayi anga. Ine ndinaphunzira m'kalasi imeneyo, inunso nonse. Wagwa ndi mwana wanga, mdzukulu wawo. Mfiti yanji yoyamba ndi mdzukulu wake n'kusiya anu? Koma ngati mukugoba, gobani zonse. Muyambe ndi chitsononkho cha kwa apampando. Kenako chala. Aliyense agobe cha agogo ake ndi dzanja lake, tione ngati khoma litsale.”

Mnyamata wa nyundo anaiika pansi mwakachetechete. Mumtima ndinati, ameneyu ndi mwana wanga. Ndinafulumira kunyadira.

“Ndiye ine ndikuti,” anapitiriza, “tisagobe cha munthu aliyense. Timate khoma lonse ndi pulasitala. Chimene sichioneka sichiopsa mwana.”

Aphunzitsi aakulu, amene anakhala chete tsiku lonse ngati mtembo, anadzuka msangamsanga n'kunena kuti ndi nzeru yabwino, ndipo khoma losalala angajambulepo zophunzitsira. Wapampando anavomera, chitsononkho cha agogo ake chapulumuka. Mneneri anayeza kumene mphepo ikulowera, n'kunena kuti Mzimu wavomera, bola iye apempherere madzi okandira simenti. Anthu anawomba m'manja. Azimayi analulutira, n'kubwereranso pafupi ndi mwana wanga ngati sanasunthe.

Ine ndinatsala chiimire. Palibe anandifunsa.

Pobwerera mwana wanga anandipeza pa njira ya ku dambo.

“Wawaika amako m'manda kachiwiri,” ndinatero.

“Atate, inu mumafuna njerwa. Ine ndili ndi mwana.”

Sindinamulankhule mpaka chimanga chinacha.

Tsiku lomata ndinapita. Ndinakhala pa chitsa n'kumaonerera. Mneneri anathira mafuta ake mu mgolo wa madzi. Anyamata ankakanda akumvera nyimbo pa foni, mchenga wilibala yodzaza, simenti kungowaza ngati mchere wa m'ndiwo. Kumene inapita simenti yotsala sindinena, koma khonde la wapampando linayamba kunyezimira mwezi womwewo. Anayambira pansi kukwera. Sipanala inapita. Chikhokho cha nsawa cha mayi wamasiye uja, amene alibe mbewu yotsala pa dziko, chinapita. Atafika pa zenera ndinaimirira n'kuyandikira, ndinayeza ndi chifuwa changa ndi mkono wanga kuchokera pa felemu. Mnyamata anati, “Agogo, mutidetsa.” Anaponya dothi lake, n'kusalaza.

Atsikana anapitiriza kugwa. Anagwa sabata imeneyo, anagwa yotsatira. Analeka mango atapsa ndi mvula itagwa, m'mimba mutalowa kanthu, malata atazizira. Mneneri anabwera kudzalandira mbuzi yake ya malipiro, anati ziwanda zimachoka pang'onopang'ono. Mayeso atatuluka, ana analephera monga analepherera chaka chinacho. Sindinamve wina akufunsa kuti nanga mitu ija sinamasuke bwanji.

Kenako anabwera wojambula wa ku tauni ndi zitini zake, n'kutipatsa munthu wa matumbo uja.

Mvula yachiwiri isanathe, pulasitala inayamba kufufuma. Tsiku lina ndikupita ku dimba ndinaona kuti chibenthu chagwa m'munsi, cha ku phazi la munthu wojambulidwayo. Ndinafulumira, ndodo ikutsalira. Pa njerwa zonse za khoma lija, za anthu amene anathyoka misana, inatulukira iti? Mlomo wa botolo. Msuweni wanga chidakwa, amene sanafikepo pa ntchito nthawi yake ali moyo, ndiye anayamba kuuka kwa akufa. Ana amalowetsamo zala podikira belu. Palibe wagwa. Diso la Satana lakhala choseweretsa cha a Giredi Wanu, ndipo makolo awo amadutsa osacheuka. Aiwala kale kuti ankaopa chiyani. Anthu oiwala mantha awo omwe, angakumbuke agogo awo?

Chilimwe chathachi mwana wanga anandipeza nditaima pamenepo. Ankachokera ku chigayo, thumba lili pamutu. Anatula. Tinayang'ana khoma tonse awiri.

“Ali pati?” anafunsa.

Ndinayeza ndi mkono kuchokera pa zenera, n'kuika chala. Chinagwera pansi pa chiwindi, pa kanthu kobiriwira kamene wojambula analembapo dzina lake ndi muvi.

“Pa ndulu,” ndinatero.

Anaseka mpaka kugwira bondo. “Ndi amayi amenewo. Sakanakhala pena.”

“Usakauze mneneri wako.”

Anagogoda pamalopo ndi chala. Panalira ngati chikho chopanda kanthu. Pulasitala yalekana kale ndi njerwa, yangotsala kugwiridwa ndi penti. Anandiyang'ana, n'kusenza thumba lake.

Sindidzaigwetsa ndi dzanja langa. Sindine wakuba kuti ndizikanda khoma la sukulu imene ndinamanga. Ndimangodutsa m'mawa uliwonse, n'kugogoda kamodzi ndi ndodo, monga munthu agogoda pa khomo la nyumba yake. Njerwa ili m'katimo inapsa ndi moto wa mitengo yeniyeni. Chimene chaiphimba anakanda ndi ana a foni m'manja. Ine mano atha, maso akuchita nkhungu, koma phala ndikumwa ndipo ku dimba ndikupita. Pakati pa ine ndi pulasitala yawoyo, tiona adzayambe kugwa ndani.